Bokosi la Machesi Lomangidwa Ulusi Wofiira

MUTU 6

1. Nyumba ya mawu

Ku Chalimbana, kupitirira yunivesite pang'ono, pamene msewu wafumbi umakhotera kuminda, panali nyumba imene ana sankaidutsa okha. Makatani ake sankatsegulidwa ngakhale dzuwa lili paliwombo. Wodutsa pafupi ankamva mkazi akulira m'chinenero chachilendo, pena ana akuimba, pena mfuti zikulira chapansipansi ngati chimanga chikuthetheka mu chiwaya. Komatu aliyense ankadziwa kuti m'nyumbamo munkakhala munthu mmodzi yekha.

Munthuyo anali a Langford Njobvu, amalume ake a Tisauke.

Kwa zaka zoposa makumi atatu a Langford anali mtolankhani ndiponso wojambula mafilimu. Sankajambula maukwati kapena mpira. Kumene anthu ankathawako, iwo ankalowera komweko, kamera ili paphewa. Anagona m'misasa ya anthu othawa nkhondo m'maiko ambiri. Atakalamba anabwerera ndi maso ofooka, mwendo wotsimphina, ndi thiranki imodzi yachitsulo. Mawu amene ana ankawaopa aja ankachokera m'mafilimu awo.

Tisauke yekha ndiye ankaikonda nyumbayo. Anali mu Giredi 11, ndipo kumapeto kwa makope ake onse kunali tinkhani ta anthu otayana amene anapezananso patapita zaka. Ankafuna kudzakhala mtolankhani. Choncho tchuthi cha Ogasiti chitafika, anapempha mayi ake kuti azikathandiza amalumewo masana.

2. Chenjezo

Mu thiranki muja munali mabokosi a machesi oposa mazana awiri. Mkati mwake munalibe machesi. M'bokosi lililonse munali kakhadi ka kamera, kakang'ono ngati chikhadabo, kogonekedwa pa thonje. Pamwamba pake panalembedwa malo ndi chaka. Ntchito ya Tisauke inali kulowetsa kakhadi kalikonse mu laputopu, kukopera zimene zinalimo, n'kulemba m'kaundula.

Koma pakona panali mabokosi ena khumi ndi anayi omangidwa ndi ulusi wofiira. Amenewa sanalembedwe kanthu.

Lolemba m'mawa a Langford anavala jekete yawo yakale. Ankapita ku Lusaka kukachitidwa opareshoni ya diso, ndipo anayenera kukakhalako mpaka Lachinayi. Asanatuluke anamuitana.

"Tisa, khala apa. Unimvetsere ndi makutu onse awiri, osati limodzi monga umachitira kwa amako."

"Nikumvera, amalume."

"Anthu amaganiza kuti pankhondo chimene chimapha ni mfuti chabe. Ine naona chithunzi chikupha munthu. Nili mnyamata, m'dziko lina, mphunzitsi wina ananipatsa madzi akumwa, ananipatsanso mphasa. Kenako anakhala kutsogolo kwa kamera yanga n'kuniuza zimene asilikali anachita pasukulu yake. Ine mtima unali dyokodyoko. Ninkafuna dzina langa limveke. Ninathamanga nayo nkhani ija osamufunsa kuti kodi nkhope yake ioneke kapena ayi. Filimu inaonetsedwa Lachiwiri. Lachisanu anthu anamupeza pansi pa mlatho. Dzina langa linamvekadi, mwana wa mlongo wanga. Ananipatsa ndi mphoto yomwe. Ili pansi pa bedi, sinayiyang'anepo.

"Kuyambira pamenepo nili ndi lamulo. Munthu akanipatsa nkhope yake, wangonisungitsa, si yanga. Nikafuna kuionetsa nimabwerera kwa mwiniwake kukafunsa, olo papite zaka khumi, olo akhale kutali bwanji. Akati ayi, nimamanga ulusi wofiira. Ulusi uwu si wokongoletsa. M'mabokosi amenewo muli anthu amene akupuma lero chifukwa bokosi lili chitsekere. Gwira ena onse. Ofiira usawakhudze."

Tisauke anaseka pang'ono. "Amalume, ine nili ndi zaka seventini. Sinine mwana."

"Mbuzi imene inanidyera chinangwa chaka chatha nayonso inali yaikulu," anatero a Langford, natenga ndodo yawo.

3. Nkhope

Tsiku loyamba Tisauke anagwira ntchito bwinobwino. Lachiwiri masana kunja kunasanduka. Anthu ankatentha tchire cha ku Bundabunda, ndipo utsi unaphimba dzuwa mpaka linafiira ngati khala lamoto. Kamvuluvulu anadutsa pabwalo, n'kugwedeza malata, kenako kunangoti zii. Ngakhale nkhuku sizinalire.

M'chipinda chamdimacho, ulusi uja ndi umene unkaoneka bwino kuposa china chilichonse.

Anatenga bokosi limodzi. Analibweza. Analitenganso, n'kumasula mfundo ndi mano.

Munali timakhadi tiwiri. Anatenga kapamwamba.

Pa laputopu panaoneka matenti oyera ndi mvula yamawawa. Mayi wina anakhala pa chigubu, atafunda chitenje chonyowa, m'manja atagwira kakapu kapulasitiki kobiriwira. Ankayankhula Chibemba chosakaniza ndi Chiswahili, ndipo mawu a amalume ankamveka kuseri kwa kamera, akumasulira pang'onopang'ono.

"Dzina langa ndine Feza. Mwana wanga ndi Safi, wa zaka zisanu ndi chimodzi. Ananditayika pamtsinje, pamene tinkawoloka kuthawa. Kakapu aka ndi kake. Aliyense amene wamuona, chonde, amuuze kuti mayi ake akumudikira."

Mayiyo anakweza dzanja lamanzere kuti apukute misozi. Dzanjalo linalibe zala ziwiri.

Tisauke anaimitsa filimu. Dzanja limenelo ankalidziwa. Linali litamupatsira mbatata kambirimbiri. Mayi wa mufilimuyo anali ba Kasuba, ogulitsa mbatata pamsika wa Chongwe, amene aliyense ankati kwawo ndi ku Luapula.

Pansi pa chithunzi panalembedwa kuti filimuyo inajambulidwa zaka zisanu ndi zinayi zapitazo, ndipo inali ya mphindi makumi anayi. Tisauke anali ataonera imodzi yokha. Sanapitirize. Anaibwezera poyamba, n'kujambula mphindi imodziyo ndi foni yake. Kenako anabweza kakhadi, namanganso ulusi mmene anathera.

4. Pamsika

Madzulo asanafike anali kale pa boma. Mnzake Lister ankaluka tsitsi mu kasaluni ka mkulu wake, moyang'anana ndi ogulitsa malasha. Tisauke anamukokera kuseri kwa chitseko n'kumuonetsa foni.

Lister anaonera kawiri. Kenako anasuzumira panja, kumene ba Kasuba ankaunjika mbatata pansi pa mtengo.

"Awe mwandi! Ni beve, ba Kasuba. Iwe Tisa, wazitenga kuti izi?"

"Usafunse. Ganiza chabe. Papita zaka naini. Safi manje ali ngati ife. Mwina ali kwinakwake, aganiza kuti amake anafa."

"Manje ufuna kuchita chani, ba mtolankhani?"

"Niziika pa Fesibuku, pa gulu lija la ofunafuna abale. Safi akaona, azaniimbira. Nizamubweretsa pano pamsika, ba Kasuba osadziwa kanthu. Azangotsika minibasi, atavala diresi yoyera..."

"Yoyera? Ndi fumbi la pa Chongwe?" Lister anaseka mpaka kugwira m'mimba. "Iwe tinkhani tako tija takuononga mutu. Koma bwanji osawafunsa eni ake?"

"Nikawafunsa, ndiye Safi osapezeka, nizawaswa mtima kawiri."

Lister anaganiza pang'ono, chipeso chili pakamwa. "Apo wakamba zoona. Koma ukatchuka usaniiwale. Ine nizakhala wonyamula kamera."

Tisauke anawoloka kupita pamtengo paja. Ba Kasuba anamumwetulira.

"Shani, mwana wa sukulu? Amalume ako maso ali bwanji?"

"Ali ku Lusaka, amayi. Azabwera Lachinayi." Anasankha mulu umodzi. "Amayi, kodi inu muli ndi ana?"

Manja a ba Kasuba anaima m'malere. Anamuyang'ana nthawi yaitali, ndipo maso awo sanali a munthu wogulitsa mbatata. Kenako anawerama, natola mbatata ina yaikulu n'kuiponya m'thumba.

"Mbasela iyo. Pita, mphepo iyi si yabwino."

Ali m'njira yobwerera, Tisauke anaima pamthunzi n'kutumiza kavidiyo kaja. Pansi pake analemba kuti: "Mayi uyu ali moyo. Safi, ngati uli kwinakwake, nilembere." Anaikanso nambala yake ya foni.

5. Uthenga

Lachitatu, akusesa pabwalo, foni inanjenjemera. Nambala inali yachilendo, ndipo pamalo pa chithunzi cha mwiniwake panalibe kanthu.

"Ndine Safi. Amayi anga ali kuti?"

Tsache linagwa. Tisauke anakhala pansi pomwepo, pafumbi.

"Niimbire nimve mawu ako," analemba.

"Foni yanga ni yakufa sipika. Chonde, mlongo wanga, nalira zaka naini."

Tisauke anakumbukira kuti mtolankhani ayenera kutsimikiza asanakhulupirire. Choncho anafunsa funso. "Kakapu kako kanali kamtundu wanji?"

"Kobiriwira."

Misozi inatsika m'masaya mwake. Sanaganize n'komwe kuti kakapuko kankaoneka kwa aliyense woonera kavidiyo kaja.

"Ali pamsika wa Chongwe," analemba. "Pansi pa mtengo, pafupi ndi ogulitsa malasha. Kuno timawaitana ba Kasuba. Uzabwera liti?"

Uthengawo unaonetsa kuti wawerengedwa. Yankho silinabwere. Anadikira mpaka dzuwa linapendeka, akuyang'ana foni ngati munthu woyang'ana m'chitsime. Analembanso kawiri. Zii.

6. Kakhadi kachiwiri

A Langford anafika Lachinayi cha m'ma teni, diso lamanja litamatidwa bandeji. Sanapemphe madzi. Monga ankachitira nthawi zonse akabwera kuulendo, anagwada pa thiranki n'kuyamba kupapasa mabokosi ofiira limodzilimodzi. Pa lachisanu ndi chinayi zala zawo zinaima.

"Mfundo iyi si yanga."

"Amalume, musakwiye," anatero Tisauke, nkhope ikuwala. "Nili ndi nkhani yabwino. Namupeza Safi!"

Anafotokoza zonse mofulumira, n'kuwapatsa foni. A Langford sanailandire. Nkhope yawo inatuwa ngati phulusa.

"Unaonera mpaka pati?"

"Mphindi imodzi."

"Nanga kakhadi kapansi?"

"Sinakagwire."

"Kalowetse."

Pa laputopu panaoneka tchire lonyowa kuseri kwa matenti. Panali kamulu kadothi lofiira, kafupi ngati mkono wa munthu wamkulu kuwirikiza kawiri, ndi mtanda wa timitengo. Feza anagwada, n'kuika kakapu kobiriwira pamwamba pa kamuluko, chozondotsa. Panalibe wolira mokweza. Kunkangomveka mvula, ndi mawu a amalume akupemphera kuseri kwa kamera.

"Safi anapezeka patapita masabata atatu," anatero a Langford. "Anabwera ndi gulu lina, akudwala kwambiri. Anakhala masiku awiri m'manja mwa amake. Manda aja ninakumba nawo ine, ndi manja awa."

Tisauke anayang'ana foni yake. Inamuzizira m'dzanja.

"Nanga... nanga amene ananilembera ni ndani?"

"Ukanaonera mphindi zotsalazo ukanadziwa. Mayi uja anaona munthu amene anatentha mudzi wawo. Anamuona nkhope, amamudziwa dzina, ankapemphera naye tchalitchi chimodzi. Zala zija anamudula ni yemweyo. Zonsezo anazikamba pa kamera yanga. Munthuyo lero amavala suti, ali ndi magalimoto, ali ndi anyamata omutumikira mbali zonse ziwiri za malire. Mwa onse amene anamuona tsiku lija, wotsala ni mmodzi.

"Ine ndi amene ninamubweretsa kuno. Ine ndi amene ninamusankhira dzina. Ukuganiza kuti ninamanga nyumba ku Chalimbana chifukwa chokonda fumbi? Loweruka lililonse nimagula mbatata kwa iye, timapatsana moni ngati alendo, nimaona kuti ali bwino, nimabwerera. Kawiri namufunsa ngati filimu ija ingaonetsedwe nkhope itabisika. Kawiri wakana. Anati, 'Ba Langford, napeza kale manda a mwana wanga, sinifuna anthu apeze anga.'

"Mvera, Tisa. Wofunafuna m'bale wake ndi wosaka munthu kuti amuphe amayenda njira imodzi, amagogoda pakhomo limodzi, amalira misozi yofanana. N'chifukwa chake amene amagwira ntchito yolumikiza mabanja sauza aliyense kumene munthu ali. Amayamba apita kwa mwiniwake n'kumufunsa kuti, 'Kodi ukufuna kupezedwa?' Iwe unali ndi mtima wabwino, sinikana. Inenso pa mphunzitsi uja ninali ndi mtima wabwino. Koma nkhani ya munthu siithera pamene iwe wasangalalira. Uionere mpaka kumapeto, kenako ufunse mwiniwake. Ukalumpha ziwirizi, sindiwe mtolankhani, ndiwe mlozi wa njira."

Tisauke ankalira mosatulutsa mawu. A Langford anatsamira pa ndodo n'kuimirira.

"Misozi isunge, izafunika. Fufuta kavidiyo kako."

Anakafufuta. Koma pansi pake panali patalembedwa kale kuti anthu mazana anayi akatumiza kwa anzawo.

"Wakulembera uja, unamuuza kuti ali kuti?" anafunsa a Langford.

Apa Tisauke akanatha kunama. Amalume sakanatha kuwerenga timalemba ta pafoni ndi diso limodzi lofookalo. Koma anawerenga uthenga wake mokweza, liwu ndi liwu, mpaka pa mtengo ndi ogulitsa malasha.

"Liti?"

"Dzulo m'mawa."

"Tenga jekete yanga. Tiye."

7. Pansi pa mtengo

Anakwera njinga yamoto ya mnansi, mwiniwake akuyendetsa, a Langford atagwira bandeji kuti isauluke. Utsi unali usanachoke. Anthu a m'mbali mwa msewu ankaoneka ngati zithunzithunzi, ndipo magalimoto a pa Great East Road ankayenda atayatsa nyali masanasana.

Pamsika zonse zinali monga mwa masiku onse. Makondakitala ankakuwa kuti, "Lusaka, Lusaka, mmodzi chabe!" Wailesi inkaimba mu kasaluni. Pansi pa mtengo paja milu ya mbatata inali itaunjikidwa bwinobwino, isanu ndi umodzi. Kampando kanali pomwepo. Patsogolo pa kampandoko panali mapatapata awiri, atayang'ana kumsewu, ngati mwiniwake wangokwezedwa m'mwamba.

Lister anatuluka akuthamanga, manja ali mafuta okhaokha.

"Tisa! Nakuimbira kasanu!"

"Ali kuti?" anafunsa a Langford.

"Sitidziwa, ba malume. Panabwera galimoto yakuda magalasi, inaima apo pa malasha. Sanatsike munthu. Ba Kasuba anangoiyang'ana, n'kuimirira pang'onopang'ono ngati afuna kukatunga madzi. Analowa pakati pa ogulitsa zovala za salaula. Kuchokera apo palibe amene wawaona."

"Nanga galimoto?"

"Inakhala mwina theka la ola. Nitayang'ananso, panalibe."

A Langford anapuma mozama. "Ndiye kuti sanamugwire. Mayi uja anathawapo zoposa izi." Anatsitsa mawu. "Pali malo amodzi amene tinagwirizana kalekale. Musanifunse pano."

Nthawi yomweyo foni ya Tisauke inanjenjemera. Inali nambala yachilendo ija. Inatumiza chithunzi.

Pachithunzipo panali mtengo, milu ya mbatata, mtsikana wa manja amafuta, ndi mtsikana wina atanyamula jekete. Pakati pawo panali mkulu wa ndodo, bandeji ikuoneka m'mbali mwa mutu. Onse atatu anajambulidwa chakumbuyo, chapafupi kwambiri.

Tisauke anatembenuka. Panali anthu ambirimbiri mu utsiwo, ogula, ogulitsa, odikira basi, ndipo pafupifupi aliyense anali ndi foni m'manja.

Pansi pa chithunzicho panabwera mawu.

"Zikomo, mwana wabwino. Manje tamudziwa ndi mudala amene amamusunga. Yendani, ife tili pambuyo."